Kumanga Chizale, chilankhulo cha manoti asanu: momwe ntchito yayendera

Ndikulemba sewero la mawu okhaokha, lomvera pa foni, lonena za dziko longopeka. Anthu ake, Azale, amakhala pamwamba pa nsanamira zikuluzikulu za miyala, mudzi uliwonse pa mwala wake, ndipo pakati pa midziyo pali maphompho odzaza nkhungu. Milatho yawo ndi ya zingwe. Alibe mawu apakamwa ngati athuwa, amalankhula ndi manoti a nyimbo. Sindinafune kuti ochita sewero azingong'ung'udza zilizonse wofotokoza n'kumanamizira kumasulira. Ndinafuna chilankhulo choti amene wachiphunzira amvedi zimene mnzake wanena, ngakhale ali tsidya lina la phompho. Ndalemba zonse zimene ndinagula, zimene zinakanika ndi momwe tinakonzera, kuti wina wofuna kuyesa zotere asataye ndalama pamene ine ndinatayapo.

13 Januwale 2024: manoti asanu ndi awiri

Ndinayambira pa Solresol, chilankhulo chimene anapeka François Sudre, mphunzitsi wa nyimbo wa ku France amene anamwalira mu 1862, buku lake n'kutuluka mu 1866. Mawu ake onse amapangidwa ndi do, re, mi, fa, sol, la, si. Ambiri mwa anzanga ochita sewero ndi a kwaya ndipo nyimbo amaphunzirira pa do re mi yemweyo, ndiye ndinaona kuti njira ilipo kale. Masamu nawo ankalimbitsa mtima: manoti 7 mukawasanja anayianayi amapereka mawu 2,401, okwanira sewero lonse n'kutsalako.

Zogula: kope la chikuto cholimba K3,000, bandulo ya intaneti K5,000. Piyano ya pa foni ndi yaulere.

Tsiku loyamba zinayenda, chifukwa ndinkayamba ndawaimbira do. Titakumananso ndinangoyamba kuliza mawu osawapatsa poyambira, ndipo palibe anamva kanthu. Mnyamata wa besi atabwereza liwu lomwe anaimba mtsikana wa sopulano, aliyense analemba tanthauzo lake. Mayi oimbitsa kwaya ndi amene anandiunikira: "Achimwene, munthu sadziwa kuti iyi ndi fa ngati simunamupatse do. Nanga anthu anuwo akadzuka m'mawa, do wawoyo amamutenga kuti?" Ndi anthu ochepa kwambiri amene amatha kutchula noti atangoimva payokha. Enafe timamva kukwera ndi kutsika basi. Vuto lina linali la mi ndi fa, komanso si ndi do: manotiwa ndi oyandikana kwambiri moti munthu akatopa pang'ono amaimba pakati pawo.

3 Febuluwale: kuchepetsa

Ndachotsa manoti awiri, atsala asanu, ndipo ndasiya mayina a do re mi. Tsopano ndi 1, 2, 3, 4, 5, kuyambira wapansi. Aliyense asanalankhule amayamba waimba noti 3 kawiri. Umenewu ndautcha mlingo, ndipo womvera amayezera manoti ena onse pamenepo. Wa mawu aakulu amaika 3 wake pansi, mwana amamuika pamwamba, liwu silisintha.

Kuti izi zitheke pamafunika kuti mipata ya pakati pa manoti ikhale yofanana. Pa piyano sizili choncho. Mangolongondo a ku Buganda, m'dziko la Uganda, otchedwa amadinda, amagawa mtunda wochokera pa do kukafika pa do wapamwamba m'magawo asanu pafupifupi ofanana, ndipo ndinatengera maganizo amenewo. Kuyambira pa 262 Hz (Hz ndi muyeso wa kukwera kwa noti), noti iliyonse imaposa inzake ndi kuchulukitsa ndi 1.1487: 262, 301, 346, 397, 456. A kwaya anadandaula sabata yoyamba kuti manotiwa akumveka ophonya, chifukwa khutu linazolowera za kutchalitchi. Kwa sewero langa zimenezo ndi zabwino. Womvera akangomva amadziwa kuti anthu awa si akuno.

Piyano ya pa foni ilibe manoti amenewa, choncho pafunika chida chathuchathu cha timatabwa, ngati mangolongondo.

Malichi yense: timatabwa

Apa ndi pamene padya ndalama ndi nthawi.

Zogula: zidutswa za mlombwa kwa kalipentala K12,000, kupala ndi kudula K8,000, sandipepa K2,500, tupa yopalira matabwa K6,500, chingwe cha nayiloni K1,500. Chubu chakutha cha njinga chokulungira kumitu ya tindodo anangondipatsa okonza njinga. Choyezera manoti ndi pulogalamu yaulere ya pa foni yosonyeza ma Hz.

Lamulo losema ndi lachidule. Mukapala kunsi kwa kathabwa chapakati, noti imatsika. Mukapala kumapeto, imakwera. Kutsitsa n'kosavuta, kukweza n'kovuta, choncho dulani kathabwa kakadali ndi noti yokwererapo, muzitsitsa pang'onopang'ono. Mukamapala thabwa limafunda, ndipo likazizira noti imasuntha. Muzilisiya kaye lipume musanayeze.

Gulu loyamba la timatabwa linalira bwino masiku ochepa, kenako manoti onse anakwera, ena kwambiri ena pang'ono, ndipo ka nambala 2 kanang'aluka kumapeto. Mlombwawo unali usanaume, ndipo tinali m'kati mwa dzinja. Thabwa likamataya madzi limapepuka n'kulimba, noti n'kukwera. Nditabwerera kwa kalipentala anandiuza kuti: "Bambo, mukanatchula kuti n'zoimbira ndikanakupatsani za mpando wakale uwo. Zauma zaka." Miyendo ndi zotsamira za mpando wothyokawo ndinagula K5,000, ndipo mpaka lero manoti ake sanasunthe. Amene mukufuna kupanga chida chotere, funani mipando, mafelemu a zitseko ndi makabati akutha. Thabwa latsopano lisiyeni.

Vuto lachiwiri linali mabowo a chingwe. Tinabowola pafupi ndi mapeto kuti zioneke bwino, ndipo timatabwa tinkangoti "gu" osalira. Kathabwa kakagundidwa kamanjenjemera pakati ndi kumapeto, koma pali malo awiri pamene sikagwedezeka, pafupifupi magawo 22 pa 100 a utali wake kuchokera mbali iliyonse. Njira yowapezera ndi iyi: goneka kathabwa pa zingwe ziwiri, waza mchere wosalala pamwamba, gunda pang'onopang'ono chapakati. Mcherewo umadumphadumpha n'kuthawa pamene pakugwedezeka, n'kukaunjikana m'mizere iwiri yoyera. Lembani ndi pensulo pamizerepo, bowolani pomwepo. Mwana wa achemwali anga anakhala chogwada pafupi n'kumaonerera mcherewo ukuyenda wokha, ndipo kuyambira tsiku limenelo ndiye wakhala wophunzira Chizale wachangu kuposa onse.

Zokuzira mawu ndinayamba ndi zikho, monga zimakhalira pansi pa valimba, mangolongondo a ku chigwa cha Shire. Chikho chimayenera kugwirizana ndi noti ya kathabwa kake, ndipo pa zikho zimene ndinapeza pamsika, K4,000 zonse, ziwiri zokha ndi zimene zinagwirizana. Ndinasinthira ku paipi ya pulasitiki ya mamilimita 50, mamita awiri K7,000. Paipi yotseka kunsi imafuna utali wokwana gawo limodzi mwa anayi a funde la notiyo. Powerengera kuti mawu amayenda mamita 343 pa sekondi, utali wake ukhala pafupifupi masentimita 33, 28, 25, 22 ndi 19. Musadule ndendende. Dulani motalikirapo, ikani chotsekera cha thabwa chokulunga ndi chubu, muzichikankha uku mukugunda mpaka mawu atatupa okha. Mudzamva, sipafunika foni.

20 Epulo: mawu oyamba, ndi mlatho umene unapha munthu

Mu Solresol muli kachitidwe kokongola: mawu ena ukawaimba chobwerera m'mbuyo amapereka tanthauzo lotsutsana nawo. Ndinakatengera. Ndinatengeranso kachitidwe koika mawu a gulu limodzi pafupipafupi, kuti mayina a zakudya, mwachitsanzo, azisiyana noti imodzi yokha. Pa pepala zimaoneka zadongosolo ndipo kuloweza n'kosavuta.

Poyeserera chigawo china, mlonda wa mudzi amayenera kuchenjeza mlendo kuti mlatho waduka. Woimbayo anaimba bwino, koma womvera anamva kuti mlatho ndi wolimba, nayankha kuti akubwera. M'sewero munthu ameneyo akanagwera kuphompho. Titafufuza tinapeza kuti khutu limagwira msanga manoti amene alipo, koma limachedwa kugwira kuti woyamba ndi uti. Mawu otsutsana okhala ndi manoti omwewo ndi msampha. Anthu okhala m'mphepete mwa maphompho sangasunge chilankhulo chotere, chikanawatha kalekale.

Ndinafafaniza mawu onse n'kuika lamulo latsopano: liwu lililonse lili ndi manoti anayi, ndipo manambala ake ukawaphatikiza azigawika ndi 5. Madzi ndi 1-2-4-3, moto ndi 4-1-3-2, mlatho ndi 3-5-1-1, bwera ndi 5-4-2-4, mayi ndi 3-2-3-2. Phindu lake ndi loti palibe mawu awiri osiyana noti imodzi yokha. Munthu akaphonya noti imodzi, chotulukacho si liwu lina, ndi phokoso chabe, ndipo womvera amadziwa kuti afunsenso. Azale sawerengera masamu amenewa pomvera ayi. Amangodziwa mawu awo, ndipo cholakwika chimawamvekera chachilendo.

Mtengo wake ndi wowawa. Pa mawu 625 amene manoti asanu akanapereka, otsala ndi 125. Ndinachotsanso 17 okhala ndi noti imodzi yobwerezedwa katatu kapena kanayi, chifukwa anthu ankasokonezeka powerenga, ndiye atsala 108. Timawu ta manoti awiri totsatira lamulo lomweli tilipo tisanu: 1-4 ndi ine, 4-1 ndi iwe, 2-3 ndi funso, 3-2 ndi kukana, 5-5 ndi ngozi.

Lamuloli lili ndi pobowoka pake. Manoti awiri akasinthana malo, kuphatikiza kwake sikusintha. Choncho mawu a manoti ofanana ndawagawira matanthauzo amene sangakhale pamalo amodzi m'chiganizo: 1-2-4-3 ndi madzi, 2-1-4-3 ndi choka. Ine ndi iwe ndawasiya otembenuzana chifukwa kulumpha kwake n'kwakukulu, wina akukwera wina akutsika, ndipo palibe anawasokonezapo.

11 Meyi: mawu 108 sakwana

Apa ndinagwira njakata mpaka nditawerenga za ng'oma zolankhula za Akele a ku Congo, kufupi ndi Kisangani, zimene mmishonale John Carrington anafotokoza m'buku lake la 1949. Ng'oma yawo ili ndi mamvekedwe awiri okha, okwera ndi otsika, ndiye mawu ambiri amamveka mofanana. Oimba ng'oma amathetsa vutoli potalikitsa: m'malo motchula chinthu ndi liwu limodzi, amachitchula ndi kachiganizo kodziwika kale kwa onse. Ndinachita chimodzimodzi. Nkhungu ndi "madzi oyenda opanda mtsinje". Mlendo ndi "mwana wa mwala wina". Imfa ndi "thabwa lasiya kulira". Chilankhulo chinayamba kukhala ndi khalidwe lake, ndipo zigawo zina za sewero zinabadwa kuchokera m'timaganizo timeneti.

Nthawi ya mneni imamveka pa kutalika kwa noti. Woyamba akatalika, zinachitika kale. Womaliza akatalika, zidzachitika. Onse akafanana, zikuchitika pano. Thabwa silitha kukoka noti, choncho kutalika kumeneko timakupanga pogunda mofulumira ndi tindodo tiwiri.

Za ulemu ndinaziganizira nthawi yaitali, chifukwa sindikanatha kulemba anthu amene mwana amalankhula ndi agogo ake ngati mnzake wosewera naye. Yankho linapezeka pa mlingo uja. Kwa mnzako umaimba 3 kawiri. Kwa wamkulu umaimba katatu, n'kudikira kuti iye ayankhe ndi 3 wake, ndipo iwe umasiya mlingo wako n'kulankhulira pa wake. Mwana wolankhula ndi nkhalamba ya mawu aakulu amavutika kutsitsa mawu ake kuti afike pamenepo, ndipo kuvutikako ndiwo ulemuwo.

1 Juni: malire a mawu

Ziganizo zitatalika, mawu anayamba kulowana. Womvera akataya noti imodzi, zonse zotsatira ankazidula molakwika. Tinawonjezera kachidutswa ka thabwa kosalira, kokhomera pa felemu, kogunda pakati pa liwu ndi liwu. Pong'ung'udza timagwiritsa ntchito kulira kwa lilime. Ndalama sizinalowepo.

Julayi: kuyesa patali

Tinanyamula chida kupita nacho m'munsi mwa phiri la Zomba, pamalo pamene pali khwawa ndi thanthwe moyang'anizana. Galimoto ndi chakudya cha gulu K22,000. Tinasankha dala nyengo ya chiperoni kuti tione ngati nkhungu imameza mawu.

Nkhungu sinavute. Zovuta zinali ziwiri zina. Choyamba, thanthwe linkabweza mawu. Thanthwe likakhala pa mtunda wa mamita 170, mawu amapita n'kubwerera pakatha pafupifupi sekondi imodzi, ndiye noti yoyamba ya liwu inkabwerera n'kugwera pa yachinayi. Tinachepetsa liwiro n'kumasiya mpata pakatha liwu lililonse mpaka thanthwe litatsiriza kuyankha. Kulankhula kwa patali kunakhala kochedwa, kolemera, kosiyana kwambiri ndi kwa pakhomo.

Chachiwiri, timatabwa sitifika patali. Titangotalikirana pang'ono, manoti apansi, 1 ndi 2, anayamba kusowa. Pachilumba cha La Gomera ku Canary Islands anthu amalankhula Chisipanishi ndi likhweru kudutsa zigwa zakuya, ndipo mawu ake amatha kufika makilomita angapo. Chilankhulo chimenechi, Silbo Gomero, chimaphunzitsidwa m'sukulu za pachilumbapo kuyambira 1999 ndipo UNESCO inachilemba m'kaundula wake mu 2009. Likhweru ndi lokwera kwambiri kuposa phokoso lambiri la m'thengo, n'chifukwa chake limadutsa. Ife tinalibe woimba likhweru lamphamvu chotero, ndiye tinadula nsungwi zisanu zotseka kunsi, kuzimanga pamodzi, n'kumaziuzira pamwamba. Nsungwi tinadula kwa mnansi, ulusi ndi phula lotsekera ming'alu K2,000. Zinafika tsidya lina bwinobwino.

Koma chimene chinasintha sewero lonse ndi mphepo. Amene anaima kumene mphepo ikupita ankamva chilichonse. Amene anaima kumene ikuchokera sankamva yankho ngakhale pang'ono, ngakhale kuti ankaona mnzawo akuuzira ndi mphamvu zonse, masaya atatupa. Ndinakhala pamwala n'kuyamba kuganiza za Azale. Ngati mphepo ya kwawo imaomba mbali imodzi miyezi ingapo, ndiye kuti pali midzi imene imalankhula ndi midzi imene imangomva. Malamulo, mitengo ya malonda, uthenga wa maliro, zonse zimatsika ndi mphepo, ndipo madandaulo a midzi ya kumunsi amadikira mpaka nyengo itatembenuka. Mkangano waukulu wa sewero langa, umene poyamba unali wolimbirana chitsime, ndaulembanso kuti ukhale wa mudzi umene watopa kumva osamvedwa. Zimenezi sindikanazipeza nditakhala patebulo.

Tsopano Chizale chili ndi njira zitatu: kung'ung'udza m'nyumba, timatabwa pabwalo la mudzi, nsungwi kudutsa phompho. Mawu ndi omwewo.

17 Ogasiti: kalembedwe

Sudre ankalola kuti chilankhulo chake chilembedwe ndi manambala kapena mitundu isanu ndi iwiri ya utawaleza. Ine ndinayesa mikanda ya mitundu isanu pa chingwe, K3,500. Magetsi atazima tikuyeserera, pa kuwala kwa kandulo wobiriwira ndi wabuluu sankasiyana. Tasinthira ku mikanda yosiyana kukula, waukulu ndi 1, wochepetsetsa ndi 5, mfundo pakati pa mawu. Munthu amawerenga ndi zala ngakhale mumdima, ndipo kwa anthu okhala m'nkhungu zimenezi n'zomveka kuposa mitundu.

Seputembala: kujambula mawu

Foni inatiwononga zojambula zoyamba. Ili ndi kachipangizo kochotsa phokoso, ndipo noti yotalika inkaitenga ngati phokoso n'kumaidula pakati. Mauthenga a mawu a pa WhatsApp nawo amafinya mawu, kugunda kwa kathabwa kosalira kuja n'kusowa. Tinabwereka maikolofoni, kugula chingwe chake K9,000, n'kujambulira pa laputopu ndi pulogalamu ya Audacity, yomwe ndi yaulere. Chipinda chinkabweza mawu, tinapachika mabulangete m'makoma. Muzijambula m'mawa dzuwa lisanatenthe malata, chifukwa akayamba kuthetheka amalowa m'zojambula.

Vuto lalikulu linali la mtima. Ife tikakwiya kapena tikamva chisoni mawu amakwera kapena kutsika, koma mu Chizale kukwera ndi kutsika ndi tanthauzo. Mayi wochita chigawo cholira mwana wake ankati akalowa m'chisoni manoti amatsetsereka, n'kumanena zinthu zina. Tinagwirizana kuti chisoni chizimveka pa mpweya ndi pa mipata, munthu azipuma pakati pa liwu pamene sipayenera kupumira. Mkwiyo ndi kugunda mwamphamvu ndi kuchotsa mlingo, kungoyamba kulankhula osapatsa mnzako poyezera, komwe kwa Azale ndi chipongwe chachikulu. Pa timatabwa tinabowola kabowo m'mbali mwa mapaipi awiri n'kumatapo kapulasitiki kopyapyala ka jumbo kuti kazinjenjemera, monga zikho za valimba zimachitira. Chida chanthetemyacho chimaimbidwa pa maliro pokha.

Chigawo chimenecho titachijambulanso, amene sadziwa liwu limodzi la Chizale anamva kuti mayiyo wataya mwana, ndipo amene akuchidziwa anamva dzina la mwanayo.

12 Okutobala: pamene tafika

Mwana wa achemwali anga ndi anzake ayamba kudula noti yachinayi akamacheza pafupi. Mayi akuti 3-2-3, madzi akuti 1-2-4. Palibe chotayika, chifukwa manoti atatu oyamba ndi okwanira kusiyanitsa mawu onse, wachinayi ndi wotetezera patali. Ndazilandira ngati kalankhulidwe ka m'nyumba, ndipo m'sewero akuluakulu azidzudzula ana kuti akumeza mawu.

Ndalama zonse zafika K91,000, ndipo mwa zimenezi za thabwa losauma ndi zikho zinangopita pachabe. Mawu oyambira 108 onse ali ndi matanthauzo, timaganizo totalikitsa tikuwonjezeka sabata iliyonse. Zotsala ndi manambala opitirira 5, amene pakadali pano akusokonezana ndi manoti enieniwo, mayina a anthu, ndi momwe awiri angalankhulire nthawi imodzi pokangana popanda womvera kutayika. Paipi ya nambala 4 yayamba kutaya mpweya pachotsekera, ifunika chubu chatsopano tisanajambule chigawo chachitatu mwezi wa mawa.